Kalendala ya m'nthano: tiwerenge zilembo kapena maliwu?

Aphunzitsi ena a ku Chilenje, muno mu Lusaka, andilembera motere: "Ndikupeka nthano yoti ndiziwerengera ana a m'kalasi mwanga. Anthu a m'dziko la m'nthanoyo amawerenga nyengo ndi mawu a pakamwa. Ndatenga zilembo 26, chilichonse ndachipatsa masiku 14, zakwana 364. Kodi m'Chichewa zikhala bwino? Nanga mayina a masikuwo ndiwatchule bwanji?"

Aphunzitsi, nkhaniyi yandisangalatsa kwambiri, koma 26 ameneyo musiyeni. Ndi chiwerengero cha alifabeti ya Chingerezi. Ife q ndi x tilibe nazo ntchito. L ndi r kwa ife ndi liwu limodzi lovala malaya awiri, n'chifukwa chake wina amalemba "kulira", mnzake "kulila", onse n'kumvana. Pomwe ng' wa mu "ng'oma" amalembedwa ndi zizindikiro zitatu koma pakamwa ndi liwu limodzi. Mukangoiwala kankhodolero, ng'oma yovinira ija yasanduka ngoma, nyama ya m'thengo. Anthu a m'nthano yanu amamvera khutu, tsono nafenso tiyambire pakamwa.

Malembo a liwu tili nawo asanu: a, e, i, o, u. Gawani 365 ndi 5, mupeza 73, popanda chotsala. Ndiye kuti sabata ya masiku asanu, tsiku lililonse ndi liwu lake, ikukwana m'chaka ndendende. Miyezi ikhale 12 ya masiku 30, uliwonse masabata asanu ndi imodzi. Apo takwana 360. Masiku asanu otsalawo akhale sabata ya a, e, i, o, u okhaokha, yopanda mwezi, ya madyerero. Aiguputo akale ankawerenga chimodzimodzi: miyezi 12 ya masiku 30, kenako masiku asanu owonjezera kumapeto.

Miyezi 12 ija ili kale m'kamwa mwanu. Ikani kapepala patsogolo pa milomo, munene kuti "mapiri". Kali duu. Nenani "phiri". Kagwedezeka. Mpweya umenewo ndiwo umasiyanitsa p ndi ph, t ndi th, k ndi kh, ch ndi tch, ndipo chiyankhulo chathu chimautenga ngati chinthu chachikulu: thumba limodzi, matumba ambiri, khasu, makasu, khutu, makutu. Maliwu asanu ndi atatu amenewo ndi miyezi ya chisanu ndi chilimwe. Anayi otsala ndi otulukira m'mphuno, m, n, ny ndi ng', ndipo ine ndingawapatse dzinja, nthawi imene aliyense ali ndi chimfine ndipo mvula ikung'ung'udza pa malata. M'tauni muno ndimaona ana ambiri akulemba "kola" pofuna kunena khola la mbuzi. Ngati nthano yanu ingawathandize kumva h ameneyu, yagwira ntchito yoposa buku la galamala.

Pa ch ndi tch chenjerani. Kalembedwe kamene Unduna wa Maphunziro ku Zambia unavomereza mu 1977 kamalemba c popanda mpweya ndi ch pa mpweya: cinthu, nchito. Ku Malawi amalemba chinthu, ntchito. Tsono mwezi umene mungaulembe "Ch" mwana wa ku Chipata ndi mwana wa ku Lilongwe autchula mosiyana. Popeza ana anu ali mu Lusaka, tsatani za m'mabuku awo, ndipo musasinthe pakati pa nthano.

Funso lanu lachiwiri ndilo lokoma. Chichewa sichikonda mawu a phatikizo limodzi oima paokha. Sitiuza mwana kuti "dya" kapena "mwa". Timati "idya", "imwa". Kotero mwezi wongotchedwa "Pa" ukuvutitsani, chifukwa mudzafika polemba kuti "anabadwa pa Pa". Upatseni dzina lenileni loyamba ndi liwulo. Okutobala wa kuno, dzuwa likuswa mtengo, ndi Thukuta basi. Mwezi wolima ndi Khasu, wozizira ndi Chisanu, wotentha thengo ndi Tchire. M'dzinja muli Matope, Namondwe, Ng'amba ya masiku aja mvula imadula chimanga n'kufota, ndi Nyemba. Ena mupeze pamodzi ndi anawo.

Masiku atsate njira ya makolo. Timati Lolemba, Lachiwiri, Lachitatu mpaka Loweruka chifukwa kumbuyo kwake kwabisala mawu akuti "tsiku": tsiku lachiwiri, tsiku loweruka. Mwezi umatenga wa-, tsiku limatenga la-. Phatikizani la- ndi liwu la mwezi ndi liwu la tsikulo. M'mwezi wa Thukuta mupeza Latha, Lathe, Lathi, Latho, Lathu. Nditawatchula mokweza ndinamva m'mimba kuti myaa, poti awiri mwa iwo ali kale ndi tanthauzo. Latha ndi tsiku loti zakale zatha, sabata yayamba. Lathu ndi tsiku lathu, lopuma, khasu lili pakhonde. Sindinachite kuwapeka, chiyankhulo chandipatsa chokha.

Koma zomwezi zikhoza kukulumani. Dzina lililonse litchuleni mokweza musanalilembe pa bolodi. Tsiku loyamba la mwezi wa ph ndi Lapha, loyenera tsiku la nkhondo m'nthano. Loyamba la mwezi wa Nyemba limatulutsa mawu osanenedwa pamaso pa akuluakulu, ndipo kalasi yonse idzagwa ndi phwete. Limenelo lipatseni dzina lina, munene kuti anthu a m'dzikolo amalisala.

Latsala tsiku limodzi, lija limabwera pa zaka zinayi zilizonse. Maphatikizo athu amathera ndi lembo la liwu, kupatula m uja amene amaima yekha, monga mu "mkango" kapena "m'nyumba". Nenani pang'onopang'ono: m-ka-ngo. Milomo yatsekeka, koma liwu likumveka. Tsiku la 366 likhale la m ameneyu, lopanda sabata, lopanda mwezi, tsiku limene anthu a m'nthano yanu sayankhula, amangong'ung'udza nyimbo kukamwa kuli kotseka mpaka dzuwa kulowa.