Masiku Awiri Mumzinda Wachilendo: Mafunso Anu a Maulendo

FUNSO: Zikomo Amayi. Kuntchito akunditumiza ku msonkhano ku Cape Town, ndipo ukutha Lachisanu masana. Ndapempha kuti ndidzabwerere Lamulungu madzulo kuti ndionekoko mzindawo. Ndalemba malo 12, kuphatikizapo Table Mountain, Robben Island, Cape Point, gombe la Boulders ndi minda ya mphesa ku Stellenbosch. Ndiyambire pati kuti ndione onse? — Wofuna Kuona Zonse

YANKHO: Achimwene, tengani cholembera chomwe munalembera malo 12 aja, mufufute 9. Ichi chakoma, ichi chakoma, pusi anagwa chagada.

Tiyeni tiwerenge nthawi yanu. Mukuganiza kuti muli ndi masiku atatu, koma Lachisanu lakutsalirani ndi chigawo cha madzulo basi. Lamulungu ahotela adzafuna chipinda chawo cha m'ma 10 kapena 11 m'mawa, ndipo ndege yotuluka m'dziko imafuna mufike pabwalo kudakali maola atatu. Tsiku lathunthu ndi limodzi, Loweruka.

Vuto la Cape Town n'loti zinthu ziwiri zimene aliyense amapitirako zimamvera nyengo. Boti la ku Robben Island, chilumba chimene chinali ndende, limanyamukira pa doko la V&A Waterfront, ulendo wonse umatenga pafupifupi maola anayi, ndipo nyanja ikakwiya amauimitsa. Kangolo koyenda pa chingwe kokwera phiri la Table Mountain, kamene kanayamba ntchito mu 1929, nakonso amakatseka mphepo ikakula. Nthawi zina kumakhala bata koma mtambo wakuta nsonga yonse, mwakuti mukakwera mumangoona nkhungu. Choncho tikiti ya Robben Island gulirani lero pa intaneti, ya Loweruka m'mawa, chifukwa imatha msanga. Phirilo musaliikire tsiku. Liyang'aneni pawindo. Mukangoona nsonga ili poyera, kaya ndi Lachisanu mutangotuluka mumsonkhano, nyamukani ndi taye yanu yomweyo, koma musaiwale juzi poti pamwambapo pamazizira.

Cape Point ili pa mtunda woposa makilomita 60 kumwera, ndipo Boulders, komwe kuli mbalame zija za penguin, ili panjira yomweyo pafupi ndi Simon's Town. Limenelo ndi tsiku lathunthu palokha. Stellenbosch ili mbali ina, chakum'mawa. Mukafuna zonsezi, Cape Town mudzaionera pagalasi la galimoto. Ndikanakhala ine ndikanasankha chilumba. Nelson Mandela anakhalako zaka 18, kuyambira 1964 mpaka 1982, ndipo ena mwa amene amakuyendetsani m'ndendemo ndi anthu amene anamangidwapo momwemo pa zifukwa za ndale. Anthuwo akukalamba. Mbalame zija mudzazipeza chaka china.

Lamulungu m'mawa siyani chikwama pa hotela (ambiri amasunga, ingopemphani) muyende wapansi ku Bo-Kaap, kwa nyumba za mitundumitundu kuja. Ndiko kuli mzikiti wa Auwal wa mu 1794, wakale kuposa yonse mu South Africa. Lamulungu m'mawa ndiyonso nthawi ya koesister, kachitumbuwa kofewa ka zokometsera, koviikidwa mu madzi a shuga n'kuwazidwa kokonati. Kumbukirani kuti m'nyumba zokongolazo mukukhala anthu. Musakwere pakhonde pa munthu kukajambulitsa osapempha.

FUNSO: Amayi, ine ndi amuna anga tikukakhala Loweruka ndi Lamulungu ku Istanbul. Ine ndikufuna kulawa zakudya za kumeneko, koma iwo akuti tizidya pa hotela pokha poopa kutsegula m'mimba. Takangana kale kawiri. Kodi ndingadziwe bwanji malo abwino odyera mumzinda umene chilankhulo chake sindichidziwa? — Mayi Wokonda Kulawa

YANKHO: Achemwali, bambowo musawaseke. Pa ulendo wa mwezi, tsiku limodzi lodwala silipweteka kwenikweni, koma pa ulendo wa masiku awiri ndiye kuti theka lapita. Pomwe akulakwitsa n'poganiza kuti dzina la hotela limapha majeremusi. Chimene chimadwalitsa kawirikawiri ndi chakudya chimene chaphikidwa kalekale n'kumangokhala chofundira, zipatso zosendedwa kale, ndi madzi osadziwika kochokera. Mpunga umene wakhala maola pa tebulo lodzitengera mu hotela ungakupwetekeni kuposa nsomba imene yachoka pamoto inu mukuona.

Ndiye auzeni kuti mwagwirizana nawo pa mfundo imodzi: mudya zotentha, zophikidwa pamaso panu, pamalo pamene eni mzinda ali pamzere ndipo mzerewo ukuyenda. Madzi, a m'botolo lotseka.

Istanbul ndi mzinda wosavuta pa zimenezi. M'mawa gulani simit, buledi wozungulira ngati mphete wokutidwa ndi chitowe, amene amagulitsidwa pa tingolo m'misewu, mumwere tiyi wa m'timatambula tating'ono tija. Masana funani chimene amachitcha esnaf lokantası, malo odyera a anthu a m'mashopu ndi amisiri. Miphika imakhala poonekera kuseri kwa galasi, mumangoloza ndi chala: nyemba, mpunga, mabiringanya, supu. Chilankhulo sichifunika. Koma fikani 12 koloko kapena 1 koloko, miphika idakali yatsopano. Mukafika 4 koloko mudya zotsala. Madzulo tsikirani ku Eminönü, pafupi ndi mlatho wa Galata, mukadye balık ekmek, nsomba yowotcha yoikidwa m'buledi ndi anyezi. Pomwepo kwerani boti la anthu wamba lopita ku Kadıköy. Osakwana theka la ola mwachoka ku Ulaya mwafika ku Asia, ndipo misewu ya msika wa kumeneko ndi yodzaza ndi malo odyera amene sadalira alendo.

Malo oti muwalambalale amadziwika. Pakhomo pamaima mnyamata wokukodolani, ndipo mndandanda wa zakudya uli ndi zithunzi ndi zilankhulo zisanu. Pafupi ndi Hagia Sophia, mzikiti wotchuka umene alendo amakhamukirako, alipo ambiri. Sikuti chakudya chawo n'choipa nthawi zonse, koma mukulipirira malo, osati mphika. Yendani misewu iwiri kapena itatu kutalikira khamu. Ndipo mukafuna kufunsa, ine sindifunsa wa pa desiki yolandirira alendo, chifukwa iye anaphunzitsidwa kutumiza alendo kumene alendo amapita. Ndimafunsa wonyamula zikwama kapena mayi wokonza m'chipinda, ndipo funso lake si lakuti “malo abwino ali kuti?” koma “inuyo nkhomaliro mumadya kuti?” Nsomba ikakhala yogulitsa pa sikelo, mvanani mtengo isanapite kumoto.

Chinthu china chimene simunafunse koma chingakulizeni: msika waukulu wa Grand Bazaar satsegula Lamulungu. Pitani Loweruka. Mizikiti ikuluikulu imaimitsa alendo pa nthawi ya mapemphero, ndipo inu mufunika mpango wakumutu. Ikani wanu m'chikwama. Nkhani ya Lamulunguyi si ya Istanbul yokha. Msika wa La Boqueria ku Barcelona umatseka, mashopu ambiri ku Germany amatseka, ndipo nyumba zosungiramo zakale za ku Vatican pa masiku a Lamulungu zimatsegula lomaliza la mwezi lokha, pomwe kulowa kumakhala kwaulere ndipo mzere wake umatha m'mawa wonse. Musanagule tikiti ya kulikonse, yambani mwaona chimene chimatseka tsiku liti.

Bambowo ayambe ndi simit. Palibe amene anakanapo buledi wotentha.

FUNSO: Ndapeza tikiti ya ndege yotsika mtengo kwambiri kuchokera ku London kupita ku Paris, komanso hotela yotchipa kunja kwa mzinda. Ndigule? — Wosunga Ndalama

YANKHO: Mwana wanga, yang'ana kaye dzina la bwalo limene ndegeyo ikutera. Makampani otchipa amakonda mabwalo akutali. Bwalo la Beauvais amaligulitsa ngati Paris koma lili pa mtunda wa makilomita oposa 80, ndipo basi yake imadya nthawi yoposa ola. Hahn, imene imanyamula dzina la Frankfurt, ili kutali makilomita oposa 100. Uwonjezere mtengo wa basi kupita ndi kubwera, wa chikwama ngati sanauphatikize, ndi maola a ulendo wopita kubwalo la ku London komweko. Ukatero uyerekeze ndi sitima ya Eurostar, imene imachoka pa siteshoni ya St Pancras ku London n'kukusiya pa Gare du Nord, m'kati mwa Paris, pasanathe maola awiri ndi theka.

Za hotela, pa ulendo wautali ndikanakuvomera. Pa masiku awiri ayi. Kachipinda kakang'ono pafupi ndi siteshoni ya sitima za pansi kakulola kubwerera masana kukavula nsapato ndi kugona pang'ono, n'kutulukanso madzulo kukadya. Ukagona kutali, ukangolowa m'chipinda 6 koloko sutulukanso, ndipo chakudya chako chamadzulo ku Paris chidzakhala mabisiketi a m'chikwama.