Kwa achemwali ofunsa za Sapitwa aja

Achemwali, ndaona funso lanu lija loti mukufuna kunyamuka kuno ku Zomba Loweruka m'mawa, kukakwera Sapitwa pa phiri la Mulanje, nkubwerako Lamulungu madzulo, komanso ngati nkoyenera kulipira gayidi. Ine ndinapitako kawiri ndiye ndikuuzeni mosabisa, masiku awiri ndi ochepa kwa munthu woyamba. Pemphani Lolemba kuntchito akhale atatu. Za gayidi musachite kufunsanso, mtengeni basi.

Sapitwa ndi mamita 3,002, palibe nsonga ina yoposa imeneyi m'Malawi muno. Phiri lathu la Zombali nsonga yake ya Malumbe imangopitirira pang'ono 2,000, ndiye muone kuti hut ya Chisepo imene mumagona musanakwere Sapitwayo ili kale pamwamba kuposa Malumbe. Ndiye musanawononge ndalama dziyeseni konkuno kaye. Kwerani Potato Path kuchokera mtauni mpaka Ku Chawe mutabereka chikwama cholemera, ma weekend awiri kapena atatu, ngati mphamvu zilipo pitirirani mpaka ku Chingwe's Hole. Mukamatsika maondo akumanjenjemera dziwani kuti simunakonzeke.

Mayendedwe ake, ena amazungulira ku Limbe nkukatsikira pa Chitakale, koma msewu wa Jali wodzera ku Phalombe umakakusiyani pa Likhubula pomwepo. Pamenepo mpamene pali ofesi ya zankhalango, mumalembetsa, kulipira ya hut, ma gayidi ndi onyamula katundu mumawapezanso pompo. Mtengo gwirizanani musananyamuke.

Tsiku loyamba ndi lokwera kuchoka pa Likhubula. Njira ya Skyline ndi yachidule koma yoimirira koopsa, ine ndimakonda ya Chapaluka chifukwa imatsata mtsinje, pali mthunzi, ndipo mumadutsira kufupi ndi Dziwe la Nkhalamba, madzi ake ozizira ngati atuluka mu fuliji. Amphamvu amafika ku Chisepo tsiku lomwelo, koma mukaona dzuwa lapendeka gonani pa hut ya Chambe, ulendo ungotalika ndi tsiku limodzi, palibe vuto.

Tsiku la Sapitwa lenilenilo dzukani kusanache. Kuchoka pa Chisepo kupita ndi kubwera werengerani maola asanu ndi awiri kapena kuposa, ndipo si kuyenda wamba ayi, pali malo okwawa ndi manja pathanthwe losalala, pali malo olowa pansi pa miyala ikuluikulu chikwama mutavula nkumapatsirana, kwina mukuganiza kuti mwafika kenako mukuona nsonga ina kutsogolo. Pa miyala anapakapo penti yofiira yolozera njira koma nkhungu ikatsika simuona ngakhale mnzanu ali pafupi nanu. Apa mpamene ndikulimbikira za gayidi. Mu 2003 mtsikana wa ku Netherlands anasowa kumeneko, mu July 2009 mnyamata wa ku Brazil anapita kunsonga yekha, anamupeza atamwalira patadutsa masabata. Gayidi akanena kuti tibwerere, bwererani, ngakhale nsonga ikuoneka apo. Ulendo wanga woyamba tinabwerera chonchi, zinandiwawa kwambiri koma bambo aja ankadziwa zomwe ankanena, pofika pa hut mvula yawaza kale ndipo phiri lonse silikuoneka.

Mwati mukufuna June. Mvula imakhala itatha inde, koma ndi nyengo ya chiperoni, kamvula kozizira kochokera mbali ya Mozambique kaja, ndipo usiku pamwambapo madzi amatha kuundana. Ine ndikanasankha kumapeto kwa August kapena September. Nyengo ya dzinja iwalani, thanthwe limaterera ndipo mitsinje imadzadza mwadzidzidzi, mukukumbukira zomwe Freddy anachita ku Mulanje ndi Phalombe mu March 2023.

Katundu: jekete lochindikala, chipewa cha mphepo, sleeping bag kapena bulangete, tochi, nsapato zogwira pansi zomwe munaziyendera kale osati zatsopano. Pa hut pamakhala mlonda, nkhuni ndi madzi zimapezeka, koma ufa, ndiwo, shuga, masamba a tiyi zonse mumanyamula nokha, ndipo mlondayo musamusiye chimanjamanja. Netiweki ya foni musayidalire.

Phirili lili ndi mbiri, mufunseni gayidi wanu akufotokozereni madzulo pamoto. Dzina loti Sapitwa likuchokera ku mawu oti sikupitidwa, akuluakulu akumeneko amati ndi kwa mizimu, mukapeza chakudya chokonzedwa panjira mudye nokha osaitana anzanu. Kaya mumakhulupirira kaya ayi, musakanyoze pamaso pa eni dera. Boma linateteza nkhalangoyi mu 1927, ndipo mu 2025 UNESCO inaika phirili pa mndandanda wa malo ofunika padziko lonse chifukwa cha chikhalidwe chomwechi. Chomwe chimandipweteka mtima ine ndi mkungudza, mtengo wa fuko lathu umene mwachilengedwe umamera pa Mulanje pokha. Mukadzafika pa Chambe mudzaona zitsa zokhazokha, anthu anadula. Pali mbande zomwe akudzala, chonde musazipondeponde komanso moto muziyatsa pa hut pokha.

Mukadzafuna kubwereranso, yesani mbali ya Phalombe kudzera pa Fort Lister, pomwe atsamunda anamanga linga mu 1893 potseka njira ya ogulitsa akapolo, nkukagona pa hut ya Sombani. Kumakhala anthu ochepa. Za Potato Path zija, ine ndimakwera pafupifupi Loweruka lililonse cha m'ma 6 koloko, mukafuna tiyendere limodzi mundiuze.