Funsani za Magemu: Magemu akale aja akukana kutseguka

Mwezi uno mafunso ambiri abwera okhudza magemu akale, aja tinkasewera kompyuta zikadali ndi sikirini ya chimsana chachikulu. Ndasankhapo anayi, enawo tidzawaona ulendo wina.

FUNSO: Ndili ndi ma CD a magemu omwe ndinkasewera ndili mnyamata, ena a nthawi ya Windows 98 ena a XP, ndawasunga bwinobwino zaka zonsezi. Ndapeza CD drive ya USB koma ndikayika pa laputopu ya Windows 11 setup imangokana, ena amayinstoleka ndithu koma ndikadina palibe chimachitika. Mwana wanga akuti ndingoyika Steam kapena GOG Galaxy zonse zitheka. Ndi zoona zimenezi? (Bambo wa ana atatu)

YANKHO: Bambo, mwana wanuyo sananame koma sanakuuzeni zonse. Launcher ngati Steam kapena GOG Galaxy ntchito yake ndi kusonkhanitsa magemu anu malo amodzi, kuwatsitsa pa intaneti, kuwapanga apudeti ndi kuwatsegula mukadina Play, basi. Siyikonza CD yanu ayi. Chomwe chimapangitsa gemu ya zaka 30 kuyenda pa kompyuta ya lero ndi timapulogalamu tina tomwe ogulitsawo amabisa kunsi kwa gemuyo, inu simutiona n'komwe, nde anthu ambiri amaganiza kuti ndi launcher yachita zodabwitsa.

Ma CD anuwo akukana pa zifukwa ziwiri, ndikuganiza choncho malinga ndi mmene mwafotokozera. Choyamba, Windows 11 ndi ya 64-bit yokhayokha ndipo Windows ya 64-bit siyitha kuyendetsa pulogalamu ya 16-bit, olo mutayinyengerera bwanji. Chomvetsa chisoni n'chakuti magemu ambiri a m'ma 1990 okha ndi a 32-bit, akanatha kuyenda, koma ka setup kake ndi kamene kali ka 16-bit, nde mumakanidwa pakhomo pomwe musanalowe n'komwe. Chachiwiri ndi aja amayinstoleka kenako zii. Ambiri a iwo anali ndi loko yoletsa kukopa CD, monga SafeDisc, yomwe imafuna dalaivala ina yake m'kati mwa Windows. Kuyambira pa Windows 10 mu 2015 dalaivala imeneyo anayichotsa chifukwa inkasiya mpata kwa mavayirasi, nde gemu imayang'ana loko yake, siyiipeza, n'kungodzitsekera mwakachetechete osanena kanthu.

Njira yosavuta ndiyo kufufuza dzina la gemu iliyonse pa Steam ndi pa GOG, mukaipeza mwapeza yokonzedwa kale. Ine pa magemu akale ndimakondera GOG, sindibisa. Steam ndi ya Valve, inayamba mu 2003 ndipo magemu akale ilinawo ambiri, koma ena amangoikidwapo mmene analiri kalelo, kukonza kumatsalira inu. GOG inayambika ku Poland mu 2008 ndi anthu a CD Projekt, dzina lake lonse linali Good Old Games, ntchito yake kuyambira pachiyambi inali imeneyi yodzutsa magemu akale. Komanso magemu ake alibe DRM, loko yoletsa kukopa ija, kutanthauza kuti mukalowa mu akaunti yanu pa webusayiti yawo mutha kutsitsa offline installer, fayilo ya setup yathunthu, n'kuisunga pa fulashi kapena hadi diski yanu. Mawa intaneti kulibe mumayinstolabe, Galaxy yo olo osayiyika. Munthu wosunga ma CD zaka zonsezi ngati inu ndikudziwa zimenezi zikukomerani.

Ma CD wo musataye. Alipo magemu omwe sanabwererenso pa msika chifukwa cha nkhani za malayisensi, makamaka a mpira ndi a mipikisano ya magalimoto, poti mayina a osewera, magalimoto ndi nyimbo zake anachita kubwereka kwa nthawi. Amenewo CD yanuyo ndiye chuma.

FUNSO: Ndinagula gemu ya DOS (aja akale a nthawi yomwe Windows inali isanafale) pa GOG, ikutseguka koma ikuthamanga ngati yapenga, adani akundipha ndisanasunthe n'komwe, zithunzi zatambasuka anthu onse akuoneka onenepa, komanso mausi ikalowamo siyituluka. Ndinaononga ndalama kodi? (Mtsikana wokonda zakale)

YANKHO: Simunaononge achemwali, gemu ili bwino. Mukamadina Play taonetsetsani, kamabwera kawindo kakuda kamphindi kochepa, pena mumaona chilembo Z ndi timawu tikudutsa msangamsanga kenako gemu n'kuyamba. Kameneko ndi DOSBox, pulogalamu yaulere yomwe inatuluka mu 2002, imanamizira kukhala kompyuta yakale yathunthu, purosesa yake, khadi la mawu, zonse, nde gemu imaganiza kuti ikadali mu 1992. Ndi yomweyonso ili kunsi kwa Commander Keen ndi Tomb Raider yoyamba ija ya 1996 pa Steam.

Kuthamangako n'chifukwa chakuti olemba magemu ambiri a nthawi imeneyo sankayang'ana wotchi, ankangodalira liwiro la purosesa. IBM PC yoyamba inkayenda pa 4.77 MHz, nde gemu yolembedwera makina ngati amenewo ukayipatsa mphamvu zambiri imangothamanga nazo zonse. Mu DOSBox liwiro limatchedwa cycles. Muli m'kati mwa gemu dinani Ctrl ndi F11 pamodzi kuti muchepetse, kangapo mpaka zikhale bwino, mukapyoletsa Ctrl ndi F12 imaonjezera. Pa laputopu zambiri mufunika kugwiranso Fn. Mausi yokodwayo imamasuka ndi Ctrl ndi F10, pomwe Alt ndi Enter ndi yosintha pakati pa sikirini yonse ndi kawindo. Koma chonde samalani chala, F9 ili pafupi pomwepo ndipo Ctrl ndi F9 imatseka DOSBox pompopompo osafunsa ngati mwaseva. Zinandichitikirapo usiku wina nditasewera maola awiri osaseva, ndinangoona desikitopu yandiyang'ana, mtima unawawa kwambiri.

Kuti musamadine mabataniwa tsiku lililonse, lowani mu foda ya gemuyo, mupezamo fayilo yomwe dzina lake likuyamba ndi dosbox n'kuthera ndi .conf. Ikopeni kaye muisunge pambali, kenako itseguleni ndi Notepad. Musaope kuchuluka kwa mizere, yambiri yoyamba ndi # ndi yongofotokozera. Fufuzani mzere wa cycles mulembe nambala yomwe inakuyenderani bwino, mwachitsanzo cycles=fixed 3000 pa magemu akale kwambiri, a m'ma 1990 chapakati amafuna yokwera kuposa apo. Za anthu onenepazo fufuzani mzere wa aspect muike aspect=true. Magemu ambiri a DOS ankajambulidwa pa 320x200 koma n'kumaonetsedwa pa sikirini ya 4:3, nde m'mbali mutsala mizere yakuda iwiri, isiyeni, ndi mmene ojambulawo ankafunira kuti zizioneka. Ine zotambasula chithunzi kuti chidzaze sikirini sindigwirizana nazo ngakhale pang'ono, munthu anakhala pansi kujambula kadontho kalikonse ndi dzanja.

Simunafunse za mawu koma ndiuziretu, tsiku lina gemu ikadzakhala duu, muli fayilo yotchedwa setup kapena install m'magemu ambiri a DOS, mukaitsegula m'kati mwa DOSBox sankhani Sound Blaster 16 kapena Sound Blaster wamba, address 220, IRQ 7, DMA 1. Zimenezo ndi zomwe DOSBox imayembekezera ngati simunasinthe kanthu.

FUNSO: Ndili ndi gemu ya nthawi ya Windows 98 yomwe ndinayinstola ndekha, ndinayiyika mu Steam kudzera pa Add a Non-Steam Game koma ikungobweretsa sikirini yakuda. Ndalakwitsa pati? (Mnyamata wa pa koleji)

YANKHO: Simunalakwitse achimwene, kungoti batani limenelo limangopanga shotikati basi. Gemu yokana kunja kwa Steam ikananso m'kati mwa Steam. Yambani mwaikonza payokha. Dinani kumanja pa fayilo ya .exe, Properties, Compatibility, yesani Windows XP kapena Windows 98, mukhozanso kuchonga 640x480 ndi reduced color mode. Ikadandaula za DirectPlay, kachigawo kakale ka Windows komwe magemu ena amafuna, pitani pa Turn Windows features on or off, pansi pa Legacy Components muchonge pamenepo. Zikakanikabe, nthawi zambiri vuto ndi zithunzi, magemu a nthawi imeneyo ankalankhula ndi DirectX yakale kapena Glide ya makhadi a 3dfx Voodoo omwe anasiya kupangidwa kalekale, nde pali kapulogalamu kaulere dgVoodoo2 komwe kamamasulira chilankhulo chakalecho kuti khadi la lero limve, mumangokopera timafayilo take ta .dll mu foda ya gemu. Musanayese zonsezi lembani dzina la gemu pa webusayiti ya PCGamingWiki, kawirikawiri wina anavutika kale ndi vuto lomwelo ndipo analemba mankhwala ake.

Ikayamba kuyenda ndi pamene Steam ikuthandizeni, makamaka ngati mukufuna kusewera ndi kontirola, chifukwa Steam Input imalola kuti mabatani a kontirola azigwira ntchito ngati kiyibodi ndi mausi. Ikamazimazima thimitsani Steam Overlay (ka menyu ka Steam komwe kamabwera pamwamba pa gemu) pa gemu imeneyo, magemu akale ena sagwirizana nayo. Ngati cholinga ndi kungoona magemu onse pamodzi, Playnite ndi yaulere ndipo imachita bwino zimenezo, a Linux ali ndi Lutris ndi Heroic.

FUNSO: Pali mawebusayiti olembedwa kuti abandonware, akuti magemu ake eniake anawasiya nde ndi aulere. Nditsitse? Komanso ndikasintha kompyuta ma save anga apita? (Mayi wosewera ndi adzukulu)

YANKHO: Mayi, mawu akuti abandonware ndi ongopanga anthu, m'malamulo mulibe. Kampani ikatha, magemu ake amagulidwa ndi ina kapena amakhala a winawake ndithu, kusagulitsidwa sikutanthauza kuti alibe mwini. Chinanso chondidetsa nkhawa poti mukusewera ndi adzukulu, mawebusayiti ena otere amadzadza mabatani abodza a Download omwe amabweretsa mavayirasi.

Aulere enieni alipo, operekedwa ndi eniake. Beneath a Steel Sky ya 1994 inakhala yaulere mu 2003, ili pa GOG ndipo imayenda ndi ScummVM, pulogalamu ina yofanana cholinga ndi DOSBox koma ya magemu a nthano odina ndi mausi. Kampani ya Bethesda inapereka kwaulere The Elder Scrolls: Arena mu 2004 ndi Daggerfall mu 2009, onse awiri ali pa Steam. Ana aang'ono muwaonere kaye nokha musanawapatse, mwina muli zina zosawayenera.

Za ma save musadalire cloud, kuja kosungira ma save pa intaneti. Magemu ena akale pa Steam ndi pa Galaxy ali nayo, ambiri alibe, ndipo tsamba la gemu limalemba ngati ilipo. Akale ambiri amaseva mu foda yawo yomweyo, nde musanapange uninstall kapena kusintha kompyuta kopani foda yonse pa fulashi. Mukaona kuti ma save mulibemo koma gemu ikuwaona, ndiye kuti inayinstoledwa mu Program Files ndipo Windows inawapatutsira kwina, lembani %LOCALAPPDATA%\VirtualStore pamwamba pa File Explorer mukawapeza kumeneko. Pa kompyuta yatsopanoyo pangani foda yanuyanu ngati C:\Magemu muziyinstola mmenemo, ma save azikhala pamodzi ndi gemu yake.