Schafkopf: kodi nkhosa yalowamo bwanji m'makhadi?

FUNSO: Anzanga a ku Munich amakonda masewera a makhadi otchedwa Schafkopf. Ndamva kuti dzinali likutanthauza mutu wa nkhosa, koma pa makhadiwo sindionapo nkhosa. Linachokera kuti, nanga amasewera motani?

YANKHO: Mwamva zoona. Mu Chijeremani Schaf ndi nkhosa, Kopf ndi mutu. Pa chiyambi cha dzinali pali maganizo awiri. Ena amati kale osewera ankalemba zigoli ndi choko patebulo, mzere umodzi pa kupambana kulikonse, ndipo mizereyo ikakwana inkapanga chithunzi cha mutu wa nkhosa. Ena amati dzina lenileni linali Schaffkopf, la "f" awiri: Schaff ndi mbiya yamatabwa, ndiye anthu ankasewerera pa chivundikiro chake pomwera mowa. Ife timapendekera ku maganizo oyambawo, chifukwa Ajeremani amene anasamukira ku Wisconsin, ku America, anawamasulira kuti Sheepshead, mutu wa nkhosa womwewo.

Ku Bavaria, dera la ku Germany kumene kuli Munich, amasewera anthu 4 ndi makhadi 32, aliyense 8. Mitundu yake ndi Eichel (mbewu za mtengo wa oak), Gras (masamba), Herz (mitima) ndi Schellen (mabelu). Aliyense amaponya khadi limodzi, ndipo mwini khadi lamphamvu amadya onse anayi. Chofunika si kuchuluka kwa makhadi amene mwadya koma mapointi ake: Sau (ndiye Ace) 11, khadi la teni 10, König (mfumu) 4, Ober ndi Unter (makhadi ena a zithunzi za anthu) 3 ndi 2, pomwe 9, 8 ndi 7 alibe kanthu. Onse pamodzi ndi 120, choncho mbali ya amene wadzipereka kutsogolera masewero imafunika 61 kuti ipambane, pomwe otsutsana nayo 60 amawakwanira. Taonani, m'masewera a nkhosa khadi la mapointi ambiri ndi Sau, kutanthauza nkhumba yaikazi!

Pa masewera wamba makhadi odula anzawo, otchedwa Trumpf, alipo 14. Pamwamba pali ma Ober anayi, motsatana chonchi: Eichel, Gras, Herz, Schellen. Kenako ma Unter anayi mwa dongosolo lomwelo, pomaliza ma Herz 6 otsala. Apa m'pamene ophunzira ambiri amagwa. Ober wa Gras si wa mtundu wa Gras ayi, ndi Trumpf. Mnzanu akayamba ndi Gras inu muli ndi Gras wamba m'manja, mukuyenera kuponya ameneyo. Mukaponya Ober mwaphwanya lamulo.

Chokometsa masewerawa ndi kuitana mnzako mobisa. Amene akudzidalira amatchula Sau wa Eichel, Gras kapena Schellen, ndipo amene ali nalo amakhala mbali yake koma sadziulula. Simungaitane Sau amene muli naye nokha, komanso muyenera kukhala ndi khadi lina wamba la mtunduwo. Wina akayamba ndi mtundu umenewo, mwini Sau amakakamizika kuliponya, ngakhale akuona kuti lidulidwa. Ndiye chifukwa chake otsutsana nanu amathamangira kuyamba ndi mtundu woitanidwawo: mmodzi wa iwo akakhala kuti alibe mtunduwo, amadula ndi Trumpf n'kutenga mapointi 11 nthawi imodzi. Woitana wanzeru amayamba ndi ma Trumpf akuluakulu kuti awathere m'manja mwa adani Sau asanatuluke.

Mbali imene yalephera kutola mapointi 30 (kapena 31 ngati ndi mbali ya woitana) imatchedwa Schneider, ndipo imene sinadyeko n'kamodzi komwe ndi Schwarz. Zonsezi zimawonjezera chilango cha ogonja.