Kodi Georgia Vasileiadou anali ndani?

FUNSO: Akonzi, ndinaonera filimu yakale ya ku Greece momwe munali mayi wachikulire woseketsa kwambiri, dzina lake Georgia Vasileiadou. Kodi mafilimu ake ena ndingawapeze bwanji?

YANKHO: Mayiyu anabadwa mu 1897 ndipo anamwalira mu 1980. Anayamba ngati woimba wa opera (masewero ochitika moimba), koma kutchuka kunamupeza atakula kale. Nthawi zambiri ankasewera ngati azakhali, apongozi kapena mayi wolosera poyang'ana zotsalira za khofi m'kapu. Yambani ndi filimu ya mu 1957 yotchedwa I theia ap' to Chicago (kutanthauza Azakhali a ku Chicago), yomwe anaitsogolera Alekos Sakellarios ku kampani ya Finos Film. M'menemo ndi zakhali wochokera ku Amereka amene akufunira ana aakazi a mchimwene wake amuna oti awakwatire. Ndiye filimu yoonetsa bwino luso lake.

Chimene chimasokoneza ambiri ndi kalembedwe ka dzina lake. Chigiriki chili ndi zilembo zakezake, choncho ena amalemba Vasileiadou, ena Vassiliadou. Yesani zonse ziwiri. Koposa apo, koperani dzinalo m'zilembo za Chigiriki pa Wikipedia n'kuliika pa YouTube. Fufuzaninso ndi chaka cha filimu, chifukwa mitu yomasuliridwa imasiyanasiyana.