Mwana wanu asasaine chifukwa cha lonjezo la kochi

Mayi, inu amene mwana wanu akufuna kusaina kuti azikasewera mpira wa ku America (American football) ku koleji, lonjezo limene kochi wapatsa mwana wanulo, loti akangofika ku koleji adzakhala quarterback woyamba wa timu (wosewera amene amatsogolera anzake ndi kuponya mpira), ifenso tinalimva m'nyumba mwathu muno, ndipo mpaka lero mtima umandiwawa ndikalikumbukira. Mwana wanga anali ndi dzanja lamphamvu, ku sekondale ankatamandidwa ndi aliyense, ndipo kochi wa koleji ina yaing'ono anabwera yekha kudzatiuza kuti timu yonse adzaimanga pa iye. Tinasaina. Chaka choyamba mnyamatayo anakhala pa benchi, zimene amati redshirt (chaka chimene sichiwerengedwa pa nyengo zake zosewera), ndipo sitinadandaule chifukwa malamulo a NCAA, bungwe loyendetsa masewera a m'makoleji a ku America, ankapatsa wosewera zaka zisanu kuti asewere nyengo zinayi. Chaka chachiwiri anayamba kusewera, koma m'mwezi wa October anagwetsedwa ndi anyamata awiri nthawi imodzi, nagwera phewa lakumanja, limene amaponyera mpira.

Kuvulalako sindiko kunatipweteka kwambiri. M'mwezi wa December, bambo uja amene anatilonjeza zonse anapeza ntchito ya malipiro ochuluka ku sukulu ina, nachoka osatsanzika ngakhale kwa mnyamata amene anali asanachire opaleshoni, ndipo ife tinamvera pa intaneti ngati anthu odutsa m'njira. Kochi watsopano anabwera ndi quarterback wake. Tsiku limene anaitana mwana wanga mu ofesi ine ndinali ku ntchito, ndikusamalira okalamba, ndipo foni italira ndinapita kukayankhira m'chipinda chochapira zovala. Poyamba sanalankhule, ndinkangomva kupuma kwake ndi mphepo ya pamalo oimika magalimoto. Kenako anati, "Amayi, akuti ndisinthe malo osewera kapena ndifune kwina, ndipo sikolashipu ya chaka chamawa sakundilonjeza." Dzanja linali lidakali m'chomangira, moti zovala ndi mabuku ake a mu loka anamuthandiza kunyamula mnzake wina. Mnyamata amene sanalire pomwe phewa linkaguluka analira tsiku limenelo ngati kamwana. Ine ndimati anthu awiriwa analibe umunthu, makamaka woyambayo, chifukwa iye ali ndi ufulu wochoka tsiku lililonse limene wafuna, koma ankaphunzitsa ana a eni ake kuti kukhulupirika ku timu ndiko chinthu chachikulu. Mwana wanga anakana kuchoka, anapirira pa benchi zaka zotsalazo ndi thandizo lochepetsedwa, ngongole tikubwezabe, ndipo sanayambenso masewera ngakhale amodzi.

Chimene makolo ambiri sadziwa n'chakuti malo a quarterback ndi amodzi okha pabwalo, pomwe timu imakhala ndi anyamata anayi kapena asanu olimbirana malowo, ndipo chaka chilichonse kochi amalemba wina watsopano. Ngakhale akatswiri enieni zimawagwera. Jalen Hurts anayamba kusewera ngati quarterback ku yunivesite ya Alabama m'chaka chake choyamba, mu 2016, ndipo m'nyengo ziwiri anapambana masewera 26 nagonja awiri okha, koma pa 8 January 2018, pa masewera olimbirana ukatswiri wa dziko lonse, kochi wake Nick Saban anamutulutsa chigawo choyamba chitatha, timu ya yunivesite ya Georgia ikutsogola 13 kwa 0, nalowetsa Tua Tagovailoa amene anapambanitsa timuyo 26 kwa 23. Ngati mnyamata wa mbiri yotero anakhazikidwa pansi dziko lonse likuonera, kodi lonjezo la pakamwa kwa mwana amene sanaponyepo mpira ku koleji lili ndi mphamvu yanji? Joe Burrow nayenso anatha zaka zitatu ku yunivesite ya Ohio State osapatsidwa mpata wokhala woyamba, mpaka anasamukira ku yunivesite ya LSU mu 2018 ndi kupata Heisman, mphoto ya wosewera wopambana onse m'makoleji, mu 2019.

Tsono ngati mwana wanu akufunitsitsa, mulekeni asaine, sindingamuletse masewera amene amawakonda, koma muwerenge pepala la sikolashipu mzere uliwonse, muone ngati ndi la chaka chimodzi kapena la zaka zonse, ndipo mufunse amene adzalipire chipatala akavulala. Asankhe sukulu imene angakonde kuphunzirapo ngakhale kochiyo atachoka mawa, popeza mwa osewera onse a NCAA amene amatengedwa ku NFL, ligi yaikulu ya akatswiri olipidwa, safika ngakhale awiri pa 100 alionse. Za ndalama za NIL, zimene wosewera amalandira makampani akagwiritsa ntchito dzina kapena chithunzi chake, zomwe zinaloledwa kuyambira July 2021, musaziwerengere kwambiri ku sukulu yaing'ono, ndipo ngati mwanayo ali pa viza ya ophunzira ya F-1 mufunse kaye kwa loya, chifukwa vizayo ili ndi malamulo okhwima pa nkhani yolandira ndalama.

Komanso zinthu zikadzavuta asathamangire kulowa mu transfer portal (mndandanda wa osewera ofuna kusamukira ku sukulu ina) sabata lomwelo, ngakhale kuti masiku ano kusamuka n'kosavuta kusiyana ndi kale, chifukwa anyamata ambiri amalowamo n'kusowa sukulu yowatenga. Hurts anapirira nyengo yonse ya 2018 ali wachiwiri, ndipo mu December Tua atavulala analowa ndi kugonjetsa Georgia yomweyo 35 kwa 28. Anatenga kaye digiri yake ku Alabama, kenako anapita ku Oklahoma mu 2019, ndipo Philadelphia Eagles, timu ya mu NFL, inamutenga mu 2020. Mwana wanu akhale mpaka digiri ili m'manja, koma tsiku limene kochi watsopano adzamuitane mu ofesi asadzalowe yekha, inu kapena bambo ake mudzakhale pafoni mukumva zonse, ndipo chilichonse chimene adzauzidwe mudzapemphe kuti chilembedwe.