Za ulendo wa sitima wa ku Spencer uja, musanalipire

Achemwali, ndangoona zoti mukufuna kutengera amayi pa ulendo wa tsiku limodzi uja wa ku Alaska ku America, wa sitima, bwato ndi kuona nyama, ndipo ndasiya mbale m'sinki kuti ndikuyankheni lero lomwe musanatumize ndalama kwa munthu. Ena mwayankha kuti ndi kokongola. Eya, ndi kokongola. Koma imvani za ine.

Tinapita mu July 2023, ine, bambo a kunyumba ndi apongozi anga amene anabwera kudzaona mdzukulu. Mwanayo tinamusiya kwa alamu. Apongoziwo ndi a ku Dedza, zaka 68, ndipo titawauza kuti kumene tikupita kumazizira anaseka, amvekere, "Ine wa ku Dedza mukandiuze za kuzizira?" Tonse tinaseka nawo. Kupusa kwathu kunayambira pamenepo.

Matikiti sitinagule ku kampani ya njanji. Tinagula kwa bambo wina wa kakampani kogulitsa maulendo pa intaneti, sindimutchula dzina pano poti aadimini angafufute zonsezi. Pakamwa pake potsekemera ngati nzimbe. Zonse zili momwemo, inu mungobwera ndi kamera. Ndinamufunsa kawiri za zovala, kawiri konse, poti ndinali ndi munthu wamkulu. Anati ino ndi nyengo yotentha, valani mmene mumavalira, zina zonse akakupatsani konko. Imelo imeneyo ndikadali nayo mpaka lero.

Sitimayo ndilibe nayo mlandu. Ndi ya Alaska Railroad, amaitcha Glacier Discovery, imanyamuka mu mzinda wa Anchorage 9:45 m'mawa, ndipo chaka chimenecho njanjiyo imakwanitsa zaka 100 chiimalizireni mu 1923. Mukangotuluka m'tauni imayenda m'mphepete mwa nthambi ya nyanja yotchedwa Turnagain Arm, madzi kumanja, mapiri kumanzere. Khalani ku windo la kumanja. Tinaona nkhosa zoyera zija za m'matanthwe, anangumi oyera amene aliyense amakamba aja sitinawaone. Mukamayandikira siteshoni ya Portage muona mitengo yambirimbiri youma yoti mbuu, itaima chilili pa dambo. Inafa ndi chivomerezi cha 1964, cha mphamvu 9.2, nthaka itatitimira madzi amchere n'kulowa. Apongozi anaiyang'ana nthawi yaitali n'kunena kuti awa ndi manda a mitengo.

Pa Portage pomwepo ndi pamene ndinayenera kudzidzimuka. Anthu ambiri anatsika n'kukwera basi yokaona nyama. Ndinayang'ana pepala lathu, linati nyama ndi madzulo, galimoto ya bambo uja idzatitenga pomwepa. Ndinangoti chabwino. Kumene sindinkadziwa n'koti sitimayi imadutsa pa Portage kawiri isanafike ku Spencer: imakhotera kaye ku Whittier n'kubwereranso, ndiye anthu ochenjera amagwiritsa ntchito nthawi imeneyo kukaona nyama, n'kudzakweranso ikamabwerera. Ife tinapita nayo ku Whittier, kudutsa mu ngalande ya pansi pa phiri ya makilomita 4 imene sitima ndi magalimoto amadutsa mosinthana. Tinaona chinyumba chija cha Begich Towers chimene pafupifupi tauni yonse imakhalamo, tinadya, tinabwerera. Anzathu aja anakweranso akuonetsana zithunzi za zimbalangondo.

Ku Spencer, kumene kuli glacier (chimulu chachikulu cha madzi oundana chotsika m'mapiri) ndi mabwato aja, tinafika cha m'ma 2 koloko masana. Kumeneko kulibe msewu wochokera kunja, ukafika ndi sitima ubwereranso ndi sitima yomweyo, palibe zoti ndatopa ndiitanitse Uber. Opalasa mabwato anatipatsa jombo za mphira, malaya a mvula ndi majekete oyandamitsa. Ndiwo "zonse" zimene bambo uja ankanena. Zotenthetsa thupi umabwera nazo wekha. Mtsikana wotipalasira anayang'ana apongozi kuyambira kumutu mpaka kumapazi, diresi ya thonje, chitenje, kajuzi kopyapyala, duku, n'kundifunsa chapansipansi ngati tili ndi china chofunda. Ndinati ayi, ali bwino, anazolowera. Mawu amenewo amandibwererabe usiku. Mvula inali itayamba kuwaza.

Pa nyanja ya m'munsi mwa glacier zinali zosaneneka, sindinama. Zimiyala za madzi oundana zikuyandama, zina zazikulu kuposa minibasi, m'ming'alu mwake buluu woti sindinamuonepo pa nsalu ina iliyonse. Mtsikana uja anatola kachidutswa m'madzi n'kutipatsa. Apongozi anakagwira, anakanyambita, anati kulibe mchere, anayamba kuimba kanyimbo ka kutchalitchi chapansipansi. Koma mphepo yochokera ku glacier ndi ina. Si ya ku Dedza ya mu June imene umathawa polowa kukhitchini. Imeneyi imatsika pa madzi oundana n'kubwera molunjika, ndipo m'bwato ulibe kothawira, sukuyenda, wangokhala.

Kenako tinalowa mu mtsinje wa Placer, ulendo wa makilomita 11 kapena kuposerapo pang'ono. Madzi ake otuwa ngati otsukira fosholo ya simenti, poti glacier imapera miyala kukhala ufa. Si mtsinje waukali ayi, ana ang'onoang'ono amakwera. Koma pamalo pena bwato linagunda funde, madzi n'kulumphira mkati, n'kutera ndendende pa miyendo ya apongozi, pomwe malaya a mvula anali atakwinyika. Chitenje chonse chinanyowa, madzi ena analowa mu jombo. Tinaseka, nawonso anaseka. Ndinawafunsa ngati ali bwino, anati, "Ndili bwino mayi." Mukudziwa akuluakulu athu, sangadandaule pamaso pa mpongozi, makamaka atadziwa kuti mwalipira madola.

Patapita mwina theka la ola ndinazindikira kuti nyimbo ija yasiya. Ndinatembenuka. Mano akugundana, nsagwada ikunjenjemera, milomo yatuwa. Dzanja limene anagwirira chingwe cha bwato linali litangokhala pa chingwepo, zala osapinda. Ndinati, "Amayi?" Anandiyang'ana nthawi yaitali ngati akundifunafuna, n'kundiitana ndi dzina la mng'ono wawo amene anamwalira kalekale, n'kundifunsa ngati mbuzi zalowa m'khola. Achemwali, miyendo yanga inatha mphamvu. Bambo a kunyumba anangoti kakasi, munthu wamkulu ndithu, misozi ili lengelenge, osadziwa chochita. Kumanzere nkhalango, kumanja nkhalango, foni ilibe netiweki, sitima ili kwina kumapiri uko.

Mtsikana uja, Mulungu amudalitse kumene ali, sanafunse zambiri. Anakocheza pa kachilumba ka miyala, anatsegula chikwama chake chosalowa madzi, anatulutsa thalauza yofunda, chipewa cha ubweya, sokosi ndi fulasiki ya koko wotentha. Anati zonyowa zonse zichoke pompano, thonje likanyowa limayamwa kutentha kwa thupi, bola kukhala wopanda kanthu kusiyana n'kukhala nalo. Ndiye taganizani. Apongozi, pa mtetete, mwana wawo wamwamuna ali pomwepo, azungu asanu ndi mmodzi ali pomwepo. Bambo a kunyumba anatembenukira ku mtsinje. Azimayi awiri amene tinali nawo m'bwato anavula malaya awo a mvula n'kuwatambasula ngati mpanda, iwo akunyowa. Ine ndinagwada pa miyala yozizira ija n'kuyamba kumasula chitenje cha apongozi anga, mfundo yonyowa yosamasuka, zala zanga nazonso zitauma, mpaka ndinaluma ndi mano. Ndinawavula jombo, madzi anakhuthuka. Mapazi ake ngati nyama ya mufiriji. Ndinawaveka thalauza, munthu amene chibadwire sanavalepo thalauza, ndinavula juzi yanga ndikuwaveka, ndinawakumbatira chakumbuyo ndikuwamwetsa koko pang'onopang'ono. Zaka zisanu ndi ziwiri ndili pa banja sindinawagwirepo kupatula moni wa pamanja. Patapita nthawi anati, "Shuga wachuluka." Apo ndi pamene ndinapuma.

Sitima inatitenga m'mbali mwa mtsinje momwemo, mkati mukutenthera, ndinati basi zatha. Sizinathe. Tinafika pa Portage itadutsa 5 koloko, tinatsika monga pepala linanenera. Panali basi ya anjanji yotenga anthu ofuna kufika msanga ku Anchorage, koma maina athu panalibe, ndipo sanali olakwa iwo, bambo uja anatigulira tikiti yothera pa Portage. Basi inapita. Sitima inapita. Galimoto yake osaoneka. Netiweki itabwera ndinaimba kasanu ndi kawiri, imangopita ku voicemail ya mawu okoma omwe aja. Portage si tauni, achemwali, tauni inatha ndi chivomerezi chija, ndi malo oimikapo magalimoto basi. Udzudzu wake waukulu ngati wonenepetsedwa dala. Ndipo kunja kowala ngati masana, poti mu July kumeneko dzuwa limalowa cha m'ma 11 usiku, ndiye umangodzinamiza kuti nthawi ilipo, abwera. Tinaima maola awiri, apongozi atakhala pa chikwama, atavala thalauza ya eni ake. Anatitola ndi agogo ena awiri amene ankachokera ku Seward, anatitenga makilomita 80 onse mpaka pa hotela, ndalama ya mafuta anakana.

Bambo uja anayankha patapita masiku atatu. Akuti panali kusamvana ndi dalaivala. Kusamvana! Akuti andichotserako pang'ono pa ulendo wotsatira. Ulendo wotsatira ndi iyeyo? Za zovala anati tsamba lawo limanena kuti muvale moyenera nyengo. Ndinamutumizira imelo yake yomwe, sanayankhenso. Munthu woteroyo sanakwerepo bwato limenelo, ndikulumbira, amangogula matikiti kwa eni ake, kuikapo yake, n'kulumikiza zinthu ndi malovu. Ndinadandaula ku banki, anandibwezera ya nyama yokha. Chimandiwawa si ndalama. Ndinamuuza kuti ndili ndi munthu wa zaka 68.

Nyamazo tinakaziona mawa lake pa galimoto ya hayala, tinalipiranso patokha. Malowo ndi Alaska Wildlife Conservation Center, pa Mile 79 ya Seward Highway, ndipo nditaona kuti ali pafupi chonchi ndi pamene tinaima dzulo lake ndinafuna kulira. Awuzeni amayi asakayembekezere za ku Liwonde. Nyama za kumeneko zili m'mipanda ikuluikulu, zambiri ndi zamasiye kapena zovulala zimene sizingabwerere kutchire. Koma mumaziona pafupi zedi: zimbalangondo zofiirira ndi zakuda, moose ya miyendo ngati nsanamira, muskox za ubweya wofika pansi, mimbulu, ndi ziwombankhanga za mutu woyera zofanana ndi nkhwazi yathu. Kuli njati za kuno zotchedwa wood bison, zimene zinali zitatheratu ku Alaska, ndipo malo amenewa ndi amene anaziweta mpaka 130 zinakasiyidwa kutchire mu 2015. Apongozi zonsezo sanazisamale kwenikweni. Anaima pa nungu, n'kunena kuti kwathu iyi ndi ndiwo, n'kufunsa chifukwa chake ya kuno imakwera mumtengo.

Ndiye mverani. Gulani kwa anjanji eni ake kapena kwa opalasa mabwato eni ake, osati kwa wapakati. Pepala lanu linene kuti nyama ndi m'mawa, nthawi imene sitima yapita ku Whittier, ndipo linene mobwerera mwanu mpaka ku Anchorage, kaya pa basi ya madzulo ija kaya pa sitima imene imafika itadutsa 9 koloko usiku. Pathupi pa amayi pasakhale thonje, jinzi ayi, chitenje ayi. Ubweya kapena fleece, zosanjikiza zitatu, magolovesi, chipewa, sokosi ziwiri, ndi zosinthira mu jumbo yomanga bwino. Thalauza muwayese kunyumba sabata yonse azolowere. Tengani chakudya ndi madola a m'manja a opalasa aja, amayenera. Ndipo musapanikize zonse tsiku limodzi, munthu wamkulu sangathe, gawani pawiri. Koma poti mahotela a ku Anchorage mu July amadula, mukasankhabe tsiku limodzilo, bola dongosolo likhale loona.

Ngati amayi ali ndi BP kapena mawondo ovuta, za bwato zisiyeni. Angathe kukhala m'sitima mpaka ku Grandview, kumene imathera, n'kubwerera, kapena kuyenda kanjira ka makilomita 2 kokafika pa nyanja ija n'kuona glacier ataima pa mtunda. Ine ndikanati ndibwerere mmbuyo sindikanawakweza apongozi bwato limenelo atavala motero.

Koma ngati alibe mavuto amenewa ndipo avala zofunda, musawamane bwatolo, achemwali. Kuona uli pamtunda ndi kuligwira si zofanana. Apongozi anga atabwerera ku Dedza nkhani ya mbuzi ija saikumbukira n'komwe, amakana kuti sananene. Imene amauza azimayi a ku mvano ndi yoti ananyambita madzi oundana akalekale, ndipo mpongozi wawo anawavulira juzi. Akamandiimbira pano amati "mwana wanga". Thalauza ija tinaitumiza pa positi kwa mwini wake, iwo anatiuza tiwagulire yawo, amavala m'kati mwa chitenje mu June.

Sitimayi imayenda kuyambira kumapeto kwa May mpaka pakati pa September basi, ndiye ngati amayi akubwera mu October musadzivute. Magolovesi ndi zipewa ndinagula mochedwa zili pano, ndilembereni ku inbox ndikutumizireni.